Positi Khadi ya M'thumba la Jekete

Belo la Lachiwiri ndinalitsegula pa msika wa Limbe
mvula ikuwaza, mapulasitiki a pa benchi akuwomba m'manja.
Majekete okhaokha, olemera ngati ngongole,
osokedwera chisanu chomwe kuno sichinafikepo.
M'thumba la lina, labulawuni, losowa mabatani awiri,
ndinapeza positi khadi yopindidwa pakati.

Pachithunzi: tchalitchi cha matabwa,
kamtsinje kochepa kuposa Mudi,
mlatho, ndi chipilala chopakidwa zofiira ndi zoyera
chitaima ngati mlonda woiwalidwa malipiro.
Dzina la mudziwo zilembo zake zinathinana
ngati anthu mu minibasi ya ku Bangwe.
Lilime langa linapunthwa katatu, ndinalisiya.

Loweruka ndinapita nayo ku Ginnery Corner
kwa mzungu wokalamba wokonza mainjini,
amene anyamata ake amangomuti a Kazimiro.
Anapukutira girizi pa ovolosi, navala magalasi,
nakhala duu mpaka tiyi wake anazizira.

“Kwathu ku Poland uku,” anatero,
“koma kumphepete kwenikweni, pa mpendero wa dziko.
Sindinapondeko. Midzi yotere ndimangoidziwa:
nyumba makumi atatu, sitolo imodzi, basi kawiri pa tsiku.
Mudzi sunasamukepo, ayi.
Malire ndiwo ankayendayenda ngati mbuzi yodula chingwe.
Munthu ankagona ali nzika ya dziko lina
nadzuka akukhoma msonkho kwina.
Chikwangwani anachifufuta, nalembapo dzina latsopano,
nachifufutanso,
koma atsekwe sanasinthe kalilidwe.
Itatha nkhondo, akuluakulu anakhala pa tebulo kutali
nalemba mzere ndi pensulo.
Chigayo chinatsala tsidya lino, manda tsidya lija.
Kukalambula pa mtumbira wa mayi ako
kunkafuna chidindo.”

Ndinaseka, koma osati chifukwa zinali zoseketsa.
Bambo anga, a Muhiwa, ankalima ku Muloza:
chimanga m'Malawi, chinangwa ku Mozambiki,
khasu limodzi lomwelo.
Mfuti zitayamba kulira tsidya lija
azakhali anawoloka atasenza makina osokera,
madzi ali m'khosi, mwana ali pa phewa.
Wolembera anthu anawafunsa: “Kwanu ndi kuti?”
Iwo analoza mtengo wa mango,
womwe unkaoneka bwinobwino pamene anaimapo.
Analembedwa kuti othawa kwawo.

“Nanga kuseriku akuti chiyani?”
A Kazimiro anatembenuza khadiyo.
“Ndi mayi, akulembera mwana wake.
Akuti denga la khola likudontha.
Akuti mapulamu apsa, palibe wothyola.
Akuti pa mlatho achotsapo msilikali,
tsopano agalu amangowoloka.
Mawu omaliza ndi amodzi: bwera.”

Mopindamo munali mutatha, mutachita ulusi.
Khadi yowerenga kamodzi siitha choncho.

Kaya anapita.
Jekete lokha ndi lomwe linayenda:
sitima ya pamadzi, doko la Beira, lole, Mwanza,
malire onsewo popanda wolifunsa pasipoti,
kudzagwera m'manja mwanga pafupi ndi ogulitsa bonya.

Ndinaligulitsa Lolemba kwa Levisoni wa kabaza,
amene amati mphepo ya pa Kanjedza imaluma m'bandakucha.
Ananenerera mpaka ndinatopa. Mabatani akasokerera yekha.
Khadi ndinaisunga m'kope la ngongole,
pakati pa mayina a anthu amene sadzabweza.

Usiku ku Chigumula magetsi atazima
ndinafufuza nambala ya azakhali,
omwe anabwerera tsidya lija nkhondo itatha,
ndipo papita zaka zisanu ndi ziwiri ndisanawaone.
Foni inalira, inaliranso.
Kenaka mawu, kutali, ngati ochokera m'chitsime:
“Ndani?”
Ndinawafunsa ngati mango uja akadalipo.
Mayunitsi anatha asanayankhe.